Mapointi Asanu pa Muloza

Mikangano yakale pa Muloza ikadalipo: mtengo wa chimanga chochokera ku Milange, reti ya metikali, Maule ndi Manoma. Koma kuseri kwa msika wa Limbuli kwabuka wina umene akuluakulu sanaumvetsebe. Mukamva anyamata akukalipirana kuti “waika pati?”, “wamuwononga munthuyu iwe!”, musathamangire kupolisi. Akulimbirana mapointi asanu.

Gwero lake ndi kashopu kena kobenera nyimbo ndi kutchajitsa mafoni. Patebulo pali laputopu yokalamba, batire linafa kalekale, batani la E linathothoka, ndipo pansi pake anaikapo zitsekerero zinayi za mabotolo kuti izipitidwa mphepo. M'menemo muli Diablo II, gemu imene a Blizzard anatulutsa mu 2000, ambiri mwa oisewera pano asanabadwe. Sifuna bandulo, ndipo kompyuta iliyonse imene ikupumabe imainyamula. Basi, chikondi chinayambira pamenepo.

Kwa inu amene simunaionepo: umayamba ndi kamunthu kosauka pa levulo 1, kopanda nsapato ndi chisoti chomwe. Ukamapha zilombo, kamzere ka m'munsi mwa sikirini kamanka nikadzaza, ndipo kakadzaza ndiye kuti kamunthu kakwera levulo. Apo gemu imakuninkha mapointi asanu oti ugawe pa zinthu zinayi: mphamvu, changu, moyo ndi matsenga. Imaonjezerapo pointi imodzi yapadera yophunzirira luso, kaya loponya moto, kaya lozungulira ndi nkhwangwa. Zomuyeza munthu ndi manambalazi zinayamba ndi Dungeons & Dragons ya Gary Gygax ndi Dave Arneson mu 1974, imene ankasewera ndi pensulo, pepala ndi madayisi. Kompyuta inangolanda ntchito ya mlembi. Kukangana inasiyira anthu.

* * *

Woyamba kugwa m'mbuna anali wakabaza wina wa akatumba ake, amene amakweza matumba atatu a chimanga panjinga kuchokera kutsidya osatsikapo pachitunda. Anasankha Barbarian, chimunthu cha chifuwa chotambalala, n'kulamula mnyamata wobena kuti pointi iliyonse izipita ku mphamvu.

“Achimwene, ikaniko pang'ono ku moyo.”

“Iwe, za mphamvu usandiphunzitse ine. Thira zonse.”

Posakhalitsa chimunthu chija chinkanyamula nkhwangwa yoti anzake sangaidzutse n'komwe. Chitafika kuchipululu cha gawo lachiwiri chinakumana ndi chikumbu china chimene ukachimenya chimalavula timphezi. Chinamenya kamodzi, kawiri, timphezi balala, chimunthu pansi kuti khu!

“Chafa bwanji chimunthu champhamvu chonchi?”

“Moyo simunagule, achimwene.”

Wakabaza anavula chipewa n'kumuyang'ana mnyamatayo momumvera chisoni. “Moyo amagula? Iwe umapemphera kuti?”

Akatswiri a gemuyi anamvana kalekale: mphamvu ingokwana kuvalira zida, changu chingokwana chishango ngati uli nacho, zotsala zonse ku moyo, kumatsenga osaikako kanthu. Malangizo ozizira, ndipo pa Limbuli palibe amawamvera ulendo woyamba. Pointi ya moyo sioneka ndi maso. Munthu amafuna aone nkhwangwa ikukula.

Wotsatira anali bambo wina wokonda chilungamo, msungichuma wa banki mkhonde, amene anangobwera kudzatchajitsa foni n'kukodwa. Iwo anati tsankho ndi tchimo: mphamvu imodzi, changu imodzi, moyo imodzi, matsenga imodzi. Nanga yachisanu? “Imeneyo ndi ya zadzidzidzi.” Pofika levulo 20 kamunthu kawo sikankatha kumenya, kuthawa kapena kulodza, koma m'thumba la zadzidzidzi munali mapointi 19. Chilombo chitakapanikizira pakona, anyamata anakuwa:

“Bambo, zadzidzidzi zija ndi zimenezi, tulutsani!”

“Sindingatulutse ndekha. Asaine kaye anthu atatu.”

Tisawaseke kwambiri bambowa, poti kusunga mapointi kunali nzeru nthawi ina. Luso lamphamvu kwambiri mu Diablo II limatseguka pa levulo 30, ndiye zaka zoyambirira osewera ochenjera ankadzizunza dala, kumasunga mapointi a luso mpaka akafike. Mu 2003 eni gemu anasintha malamulo kuti luso laling'ono lizithira mphamvu ku lalikulu, anthu asiye kusewera manja ali m'thumba. Chimene anachedwa nacho ndi chikhululukiro. Pafupifupi zaka khumi, pointi ukaika waika. Ukaphonya, kayambe munthu wina. Munali mu 2010 pamene analola kuti mayi wina wa mugemu, Akara, azikubwezera mapointi ako ugawenso. Tsoka ilo, ya m'kashopu kathu ndi ya 2010 isanafike. Wakabaza atamva za Akara anathamangitsira chimunthu chake komweko, n'kuchiimika pamaso pa mayiyo mwaulemu wonse. Akara wa pa Limbuli anangomugulitsa botolo la mankhwala.

* * *

Mnyamata wina wodziwika ndi ulesi anasankha Necromancer. Ameneyu samenya yekha. Akapeza mtembo wa chilombo amadzutsa mafupa ake kuti amumenyere nkhondo. Pointi iliyonse ya luso inkapita kochulukitsa ndi kulimbitsa mafupawo, mwini wake ali kumbuyo kumangotola ndalama. Amalume ake, a geni ya nandolo, anabwera kudzamukoka khutu kuti akapalire, koma anaima kaye kumbuyo kwa mpando.

“Akukumenyerawa ndani?”

“Antchito anga, ankolo.”

“Umawalipira zingati?”

“Salipidwa.”

“Amadya chiyani?”

“Sadya.”

Amalume anasuzumira panja, n'kutsitsa mawu. “Kupalira amatha?”

Madzulo nkhani inafika kwa anganga itasintha kale malaya: mdzukulu wanu akuweta ndondocha pa Limbuli. Anganga sanakuwe. Anangofunsa kuti ngati zili choncho, nanga bwanji akuwapemphabe ya sopo.

Katswiri weniweni pamalopo ndi mtsikana wa Fomu 3, mlongo wake wa wobena. Asanakhudze laputopu anakhala pansi ndi kope n'kujambula mtengo wonse wa luso la Sorceress: nthambi ya moto, ya chisanu, ya mphezi. Analemba kumene pointi iliyonse idzapite kuyambira levulo 2 mpaka 40. Moto ndi chisanu anazisunga zonse ziwiri dala, podziwa kuti pa gawo lovutitsitsa lotchedwa Hell kuli zilombo zina zosapsa ndi moto, zina zosagwidwa chisanu. Nthambi ya mphezi anaidula ndi mzere, n'kungosiyako kanjira kofikira ku luso lozimiririka apa n'kutulukira uko. Anyamata anamuseka kuti gemu waisandutsa homuweki. Lero chilombo chikawakanika amakamuitana kunyumba, ndipo malipiro ake ndi chinanazi chimodzi, chakupsa.

Ine ndimaona kuti nkhani yonse yagona pa mzere wodula nthambiwo. Opanga magemuwa amapereka mapointi osakwanira mwadala. Ukamakonza kamunthu umakhala ukusankha zimene kadzalephere, ndipo apa m'pamene mtima wa ambiri umakana: tikufuna koponya moto, kodziwa lupanga, kaliwironso. Ichi chakoma ichi chakoma, za pusi uja mukuzidziwa.

Kope lija linagwidwa m'kalasi. Aphunzitsi analiyang'ana nthawi yaitali, n'kutulutsa cholembera chofiira: “Nthambi zili bwino. Mizu ili kuti? 6/10.” Mwayi wake sanajambule mtengo wa Path of Exile, gemu ya ku New Zealand ya 2013, umene uli ndi timfundo toposa 1,300. Likanatha kope la Agriculture ndi la Biology lomwe.

Za magetsi tingonena mwachidule. Laputopu yopanda batire, chimdani chachikulu chatsala kamoyo kochepetsetsa, anyamata onse aimirira, magetsi thii. Wosewerayo anagwira kumutu n'kufunsa kuti walakwitsa pati pa kagawidwe kake. Wobena anayankha akutseka kabuku ka ngongole: “Onse mukanaika ku jenereta.”

* * *

Kenako kunatulukira mkulu wina wochokera ku Joni, atanyamula PlayStation, jekete lachikopa ndi “eish” wosatha pakamwa. Anabwera ndi Elden Ring ya 2022, ya a FromSoftware a ku Japan, omwe aja anapanga Dark Souls mu 2011. Awa nkhanza zawo n'zapadera. Chimene umatola ukapha adani ndicho ndalama, ndichonso chokwezera levulo. Ukafa, chonse chimatsala pamene waferapo. Umaloledwa kukachitola, koma ukafanso usanafike, chapita. Ndipo levulo iliyonse imadula kuposa inzake yam'mbuyo.

Anyamata ankayenda ndi chuma chonse m'thumba kuti chiyambe chachuluka, mapeto ake misozi. Amene anaigwira msanga ndi mkulu wina wosintha ndalama pachipata. Akangotola zokwana levulo imodzi, liwiro kukagula.

“Bwanji osadikira zichuluke, bwana?”

“Mwana iwe, November 2023 unali kuti? Tinagona ndi kwacha, podzuka yagwa ndi 44 peresenti. Chili m'thumba si chako. Gula katundu.”

Atauzidwa kuti levulo yotsatira yakwera mtengo, sanadabwe ngakhale pang'ono. Anangofunsa ngati nakonso akunamizira nkhondo ya ku Ukraine.

Wakabaza uja anabweranso. Anamulangiza bwinobwino kuti kuno moyo ufike 40, akatha 60, chifukwa kupyola apo pointi imabweza zochepa. Anavomera ndi mutu, n'kuthira zonse ku mphamvu. Pofuna kumutsegula maso, wa ku Joni anamusimbira za Let Me Solo Her, wosewera amene anatchuka mu 2022. Kamunthu kake kankavala kansalu ka m'chiuno basi, mtsuko kumutu, malupanga awiri m'manja, n'kumathandiza anthu osawadziwa kugwetsa Malenia, chimdani chimene chinaliza osewera dziko lonse. Anachigwetsa ka 1,000, mpaka a Bandai Namco anamutumizira lupanga lenileni. Wa ku Joni ankafuna amve kuti zala zophunzira zimaposa chitsulo cholemera. Wakabaza anayamba waganiza.

“Wopanda thalauza, mtsuko kumutu. Nanga pachipata pasipoti amaitulutsa pati?”

* * *

Diablo II ili ndi kaseweredwe kena kotchedwa Hardcore: kamunthu kakafa kafa, kulibe kudzuka. Mnyamata wina analera Paladin wake mwanjira imeneyi miyezi ndi miyezi, osalowa pokayikitsa, lamba wodzaza mabotolo a mankhwala. Tsiku lina mayi ake anamutuma kuchigayo. Anaimitsa gemu n'kuuza mng'ono wake wa Sitandade 4 kuti alondere mpando, asakhudze kalikonse. Pobwera, ufa uli m'nsidze, anapeza sikirini ikumutsimikizira kuti ntchito za malemu zidzakumbukiridwa.

“Wachita chiyani iwe?”

“Anaima nthawi yaitali, achimwene. Ndimati ndimuwongoleko miyendo.”

Anzake anachita zamwambo. Anabwera mmodzimmodzi, kukhala pabenchi, zipewa m'manja, “pepani, zimachitika.” Wina anafika poponya K200 m'mbale. Patapita kanthawi yemweyo anakhosomola.

“Sikuti tikufulumira ayi, koma katundu wa malemu agawidwa liti? Chishango chija anandilonjeza akadali moyo.”

Atamva kuti malemu anapita ndi katundu wawo yense, anatola K200 yake m'mbale n'kutsanzika.

Wobena ali ndi gemu inanso imene laputopu imaikoka mobuula, Oblivion ya a Bethesda, ya 2006. Mmenemo luso limakula ukamaligwiritsa ntchito: ukamadumpha, luso lodumpha limakwera. Ndiye osewera ambirimbiri ankayenda modumphadumpha kuchoka mzinda uno kukafika winawo, ngwazi yodzapulumutsa dziko ikutsata nzeru za tsokonombwe. Msampha wake ndi woti ukakwera levulo, dziko lonse limakwera nawe. Wachifwamba wa pamsewu amene dzana anali m'nsanza, lero wavala zida zodula kuposa hatchi, koma akukuopsezabe kuti umupatse ndalama 100 zomwe zija. Iwe unakweza levulo ndi kudumpha ndi kuthyola maluwa, zilombo zinakweza ndi mano. Ndipo popeza mugemuyi levulo imakwera pokhapokha kamunthu kakagona, ochenjera ena amangokamana tulo mpaka nkhani kutha.

Kapitawo wina wa ku esiteti ya tiyi atamufotokozera zimenezi sanaseke. “N'zoona zimenezo. Ine atangondikweza, kumudzi konse anakwera levulo. Amene ankapempha ya mchere anayamba kupempha ya malata.”

Zothyola maluwazi zili ndi mwini wake. Mu World of Warcraft muli wosewera wotchedwa Doubleagent amene anakana kusankha mbali pa nkhondo ya magulu awiri a mugemumo. Wosasankha saloledwa kuchoka pakachilumba koyambira, ndiye iye anakhazikika pomwepo, kumathyola zitsamba ndi kukumba miyala, mpaka mu 2014 anafika levulo 90, imene inali yomaliza masiku amenewo. Mayi wina wothyola tiyi anamvetsera mpaka kumapeto, dengu lili kumsana.

“Ndiye pa kilo ankamupatsa zingati?”

Atamva kuti iyeyo ndiye ankalipira mwezi ndi mwezi kuti aloledwe kuthyola, mayiyo anachonderera kuti nkhaniyi isafike kwa mabwana.

* * *

Osowa ya pa laputopu amasewera pafoni. Wobena amawaikira PPSSPP, kapulogalamu koyendetsera magemu a PSP, ndi God of War pamemore. Umo mulibe mapointi asanu. Umatola timikanda tofiira n'kusankha chida choti unole. Mnyamata wina anasiyiridwa mphika wa kalongonda. Aliyense wa kuno akudziwa kuti kalongonda safuna masewera: kuwiritsa, kutaya madzi, kuwiritsanso, tsiku lathunthu, apo ayi akuzunguzani mutu banja lonse. Mnyamatayo anakhala pambali pa mafuwa, foni m'manja, kuswa mitsuko ndi kupha adani kuti malupanga a Kratos afike pamapeto. Anafikadi. Mayi pobwera kudimba anagwira mphika, zii, phulusa lozizira, madzi omwe aja a m'mawa.

“Tsiku lonseli umatani?”

“Ndimanola malupanga, amayi.”

Mayi analowa m'nyumba osayankha. Anatuluka ndi nkhwangwa, chikwanje ndi makasu atatu, n'kumulozera mwala.

Magemu a pa intaneti ndiye ali ndi mavuto akeake kuno. Foni ya pa Muloza ili ndi mitima iwiri: pakhonde ikugwira netiweki ya Malawi, ukazungulira kuseri yakulandira kale ku Mozambique m'Chipwitikizi. Wina ankasewera Diablo Immortal ya 2022 akupita kuchimbudzi; pofika pakhomo netiweki inasintha dziko, kamunthu kanauma pakati pa zilombo. Anzake pomufunsa anangoti kafera kunja. Gemuyi kutsitsa n'kwaulere, koma itangotuluka ena anawerengera n'kupeza kuti kukweza kamunthu kamodzi mpaka pamapeto pogwiritsa ntchito ndalama kungadye madola oposa 100,000. M'kashopu munagwa bata. Kenako wosintha ndalama uja, osadzutsa n'komwe mutu:

“Pa reti ya kubanki kapena yathu?”

Anyamata amadandaula kuti magemu onsewa ndi a malinga a mafumu a ku Ulaya ndi chipale chofewa, akwathu kulibe. Ilipo ya muno mu Africa. Mu 2016 a Kiro'o Games, kampani ya Olivier Madiba ya ku Yaoundé m'dziko la Cameroon, anatulutsa Aurion: Legacy of the Kori-Odan, atalimbana ndi kuthimathima kwa magetsi kumene nafe tikukudziwa. Ngwazi yake, Enzo, imatenga mphamvu kwa makolo ake akale, ndipo imamenya nkhondo limodzi ndi mkazi wake Erine. Nkhani imayamba pa tsiku la ukwati ndi kulongedwa ufumu, pamene mlamu wake amulanda mpando n'kumupirikitsa m'dzikomo.

Pakona panali mkamwini wina amene anakhala duu chifikireni, kudikira foni yake idzaze. Anadzutsa mutu.

“Mwati wamulanda ndani?”

“Mlamu wake, ankolo. Mchimwene wa mkazi.”

“Ndiye iweyo wosewera umaloledwa kumumenya mlamuyo?”

“Ntchito yake ndi imeneyo. Umangoyamba wakweza levulo.”

Mkamwini anapisa m'thumba la malaya, n'kutulutsa kamemore kokulungidwa m'pepala la shuga.

“Ndiikireni. Koma pamwamba mulembe kuti nyimbo za kwaya.”